Ndikalipo, Aticha

Kuno ku Chikwa kuli mkulu wina, a Binwell Goma, amene akandiona patali amaimitsa njinga, n'kukweza dzanja m'mwamba ngati mwana wasukulu poitanidwa dzina, n'kunena kuti, "Ndikalipo, aticha." Sapereka moni, safunsa za kunyumba. Amangonena zomwezo basi, kenaka n'kupalasa njinga yawo kumapita. Anthu osadziwa amayesa ndi nthabwala za pachinansi. Ine ndikamva mawuwo sindiseka, chifukwa ndikudziwa kumene anachokera, ndipo lero ndatopa nako kubisa.

Ine ndine mphunzitsi. Kwathu ndi ku Katete, koma ananditumiza kuno kuchigwa ndikali ndi tsitsi lodzaza mutu, ndipo manje popesa ndimangopukuta ndi thaulo. Pasukulu pathu ndine wosunga kompyuta. Musaganize kuti ndinaiphunzira kwinakwake, ayi. Tsiku limene inafika ndine ndinapezeka nditaima pafupi ndi katoni yake, ahedi n'kunena kuti popeza ndaigwira kale ndingopitiriza. Ndi laputopu yakuda, yolemera, ili ndi pulinta yake ndi sola imodzi padenga la ofesi. Dzuwa likawala timagwira ntchito. Kukachita mitambo timangoyang'anana.

Ine ndi makinawo tinazolowerana, ndipo ndinali ndi kasungidwe kangakanga ka zinthu. Mafayilo sindinkawalemba maina (ndikudziwa, ndikudziwa, ambiri mwandiuza kale, dikirani ndimalize). Ndinkangowayala pa sikirini monga mmene midzi yathu yakhalira. Za anthu a kutsidya kwa mtsinje kumanzere, za pasukulu pakati, za a kumsewu kumanja. Zithunzi za anthu a banja limodzi ndinkazisanja mwaulemu, wamkulu pamwamba, wamng'ono pansi pake. Munthu akabwera kudzafuna chake, dzanja langa linkapita lokha pamalopo, ine ndikucheza naye za mpunga ndi za njovu zimene zalowa m'munda mwa uje. Zaka zonsezo sindinasocherepo.

Zithunzi za anthu a m'midzi zinachuluka chaka chimene a kopaletivu anafuna kuti aliyense akhale ndi nkhope yake pa khadi. Anthu anabwera kusukulu atandandalika mzere, ena kuchokera kumunda matope ali m'miyendo. Mwamuna wa kuno sajambulitsa atavala malaya olimira, ndiye jekete yanga yabulauni, imene imakhala pamsomali kuseri kwa chitseko, inagwira ntchito ya mudzi wonse. Uyu akuvula, uyo akuvala, ikali yofunda. Onse ankaima pakhoma limodzi, pansi pa windo, manja atawongola. Mukaziona zithunzizo mungati ndi bambo mmodzi amene akukalamba n'kumabwereranso ku unyamata. Zithunzi tinatumiza, makhadi mpaka lero sanabwere, koma imeneyo ndi nkhani ina.

Tsiku limenelo kunabweranso a Yotamu Goma ndi mng'ono wawo, a Binwell aja. Anthu awiriwa anafanana koopsa: mphumi imodzi, imvi pamalo amodzi, makutu otambasuka mofanana. Ndinayamba kujambula a Yotamu poti ndiwo aakulu, kenaka anavula jekete n'kupatsira mng'ono wawo. Akazi awo a Yotamu, a Nyazimba, anaima pakhomo kuonerera. Titamaliza anandiuza motsitsa mawu kuti chithunzi chokhacho chimene anali nacho cha amuna awo, cha paukwati, chinapita ndi madzi chaka chimene mtsinje unalowa m'nyumba. Anandipempha kuti ichi chokha ndiwasungire bwino. Ine ndinadziguguda pachifuwa.

"Amama, pepala limanyowa, chiswe chimadya. Kompyuta siiwala."

Mawu amenewa ndinawanena mokweza, pali anthu.

Manje, makina amenewa ali ndi matenda amodzi: akangonunkhiza netiweki amafuna kusintha. Kuno kwathu netiweki imangodutsa ngati mlendo, ndiye laputopu imakhala phee, yomvera. Koma ndikangopita nayo ku Chama kuboma kukatumiza zotsatira za ana, imayamba zake: pali zatsopano, tikonze manje kapena nthawi ina? Apudeti, amatero odziwa. Poyamba ndinkavomera, poganiza kuti chatsopano n'chabwino. Ulendo wina ndinabwerako batani lozimitsira atalibisa, moti ndinkazimitsa pochotsa batire mpaka ndinalipeza mwangozi. Ulendo wina malembo anachepa, pamene ine maso akukalamba. Ulendo winanso chinthu chimene ndinkachita pongodina kamodzi chinayamba kundizungulitsa, ndipo pangodya panamera kabokosi kondiuza za nyengo ya mzinda umene sindinaupondepo. Sindidziwa kuti amene amakonza zinthuzi tinawalakwira chiyani. Nyumba ndi yako, ukudziwa pamene pamakhala mchere ngakhale mumdima, wina n'kulowa iwe kulibe, n'kusuntha zonse, n'kulemba pachitseko kuti takukonzera. Choncho ndinaphunzira kudina "nthawi ina", ndipo ndinadina "nthawi ina" kwa zaka.

Chaka chatha, mvula itatsala pang'ono kugwa, ndinapita kuboma pa galimoto ya kuchipatala imene inanditenga mwachifundo. Nditalumikiza laputopu pa netiweki ya muofesi ina, sinandifunsenso. Inangosintha mtundu n'kulemba kuti ndidikire, ndisazimitse. Ndinadikira. Dalaivala analiza hutala panja. Ndinatuluka kukamupepesa, ndinabwerera, timadontho tikungozungulirabe. Itadzuka inayamba kundipanikiza ndi mafunso ngati wapolisi wa pamsewu: dzina lanu, mawu achinsinsi atsopano, kodi tikusungireni zinthu zanu pamalo otetezeka, kodi mukufuna ichi, kodi mukufuna icho. Hutala inaliranso, ulendo uno motalika. Ndinadina inde, inde, inde, osawerenga. Mawu achinsinsi ndinangolemba zimene zinali m'mutu. Ndinaisiya ikutakataka yokha pamene ndinkalongedza chikwama ndi kutsanzika, kenaka ndinaitseka phaa, n'kuthamangira galimoto.

Nditafika kuno n'kuitsegula, sinali ija ndinkaidziwa. Midzi yanga yonse inali itaphwasulidwa. Chilichonse chinali chitafoledwa m'mizere, tizithunzi tating'ono ngati nyemba, pansi pake manambala okhaokha amene kamera inapereka. Tina tinali ndi kachizindikiro ka mtambo pambali, nkhope osaoneka, ndipo ndikatidina tinkangozungulira osatseguka. Ndinafufuza pokulitsira zithunzi, pamene panali kale panalibenso. Ndinati ndidzakonza pa holide. (Inu amene mumakonza zinthu tsiku lomwelo, Mulungu akudalitseni, koma sindife mtundu umodzi.)

A Yotamu anamwalira holide isanafike. Uthenga unandipeza m'mawa ndikulowa m'kalasi. Kuno pamaliro chithunzi cha womwalira chimaikidwa m'felemu, munthu wa pabanja n'kuchinyamula patsogolo pa bokosi kuchokera panyumba mpaka kumanda, kuti anthu amuone mmene analili asanadwale. Kutentha kwa kuchigwa sikulola kusunga thupi, ndiye kuika kunali kwa tsiku lomwelo masana. A Nyazimba anatuma mpongozi wawo kudzandikumbutsa lonjezo langa lija. Ndinamuuza kuti atsogole, ndibwera nacho ndekha, si nkhani yovuta.

Kumwamba kunali mitambo, batire ili pafupi kutha. Ndinayamba kudina tizithunzi tija kamodzikamodzi. Jekete yabulauni, khoma, windo. Jekete yabulauni, khoma, windo. Mudzi wonse unandidutsa pamaso utavala jekete yanga. Tosatseguka tija ndinkangotilumpha, thukuta lili kamukamu. Kenaka ndinaona mphumi ija, imvi zija, makutu aja. Ndinayang'ana kumanzere kwake, kunali kafayilo ka mtambo kosatseguka. Kumanja kwake kunali bambo wina wandevu. Mumtima ndinati wamkulu ndiye amayamba, woyamba kuoneka ndi a Yotamu basi, a Binwell ayenera kuti ali kutsogolo kwinakwake. Zoti kafayilo kosatseguka kaja kangakhale munthu sizinandifike m'mutu.

Laputopu inalira kuti moto ukutha. Ndinadina posindikiza, inandifunsa ngati ndikufuna kulumikiza pulinta ndi foni, ndinakana, inafunsanso, ndinaitukwana m'Chichewa cha kwathu, pepala linatuluka, sikirini n'kuthima. Ndinachotsa satifiketi yanga ya ku koleji m'felemu n'kuikamo chithunzicho. Kunena zoona chinaoneka bwino kwambiri.

Ndinafika pamaliro mapemphero atayamba kale. Felemu ndinaipereka kwa mwana wa mlongo wawo wa malemu, mayi wachikulire ndithu, amene anailandira ndi manja awiri osaiyang'ana, maso atatupa n'kulira. Anakaima nayo patsogolo pa bokosi, nkhope ya chithunzi italoza kwa anthu. A Nyazimba anali pakati pa amayi anzawo, atafunda chitenje kumutu, osaona chilichonse. Ine anandipatsa mpando pakati pa akuluakulu pansi pa mtengo wa mango, ndipo ndinakhala mwendo pa unzake ngati munthu amene wagwira ntchito.

Ulendo wa kumanda utayamba ndinamva manong'onong'o kumbuyo kwanga, m'Chisenga cha anthu a kuno, chimene ndimamva bwino ngakhale polankhula lilime limandikana. Nkhani inali ya mano. A Yotamu, ndinamvera pomwepo, analibe mano akutsogolo. Anawasiya pa chiwongolero cha njinga kalekale, ndipo n'chifukwa chake sankaseka pakamwa potsegula. Koma munthu wa m'felemu ankamwetulira, mano ali mbee, osasowa ndi limodzi lomwe. Mkulu wina wa mpingo anandigwira pamkono n'kundifunsa ngati makina a manje amatha kubwezera munthu mano.

Apa ndiye pamene ndinayenera kuima n'kuganiza. Koma ine, ndi nzeru zanga zonse zophunzitsira ana a eni, ndinagwedeza mutu n'kuyankha kuti inde, kompyuta yangosinthidwa kumene, ili ndi zambiri zatsopano. Choipa n'chakuti inenso ndinazikhulupirira, chifukwa chinthu chimene chinasamutsa midzi yonse osafunsa chingalephere bwanji kuika mano? Mkuluyo anadabwa, anauza mnzake, mnzakeyo anauza wina, ndipo ndinaiona nkhani ikuyenda mumzere mpaka kutsogolo kumene kunali abale.

A Binwell anali kuyenda kumbuyo kwa bokosi la mkulu wawo, chipewa chili m'manja. Nkhani itawafika anapita kutsogolo pang'onopang'ono, anaimitsa mayi wonyamula felemu uja, n'kuwerama kuti aone. Onyamula bokosi anaima. Nyimbo inayamba kuzirala kuchokera kutsogolo mpaka kumbuyo. A Binwell anayang'ana nthawi yaitali, kenaka anatembenuka kundifunafuna m'gulu, ndipo sindinali wovuta kupeza chifukwa ndinali nditavala jekete yabulauni ija.

"Aticha," anatero, osakweza mawu, "jekete ndi yanu, khoma ndi la sukulu. Koma mano awa ndi anga."

Palibe anaseka. Bola akanaseka. Akazi awo a Binwell anayamba kulira kwina, kosiyana ndi kwa maliro, anatsomphola felemu m'manja mwa mayi uja n'kuibisa m'chitenje, akufunsa kuti ndani akufuna kuperekeza amuna awo kumanda akali kuyenda ndi miyendo yawo. Kuno zimenezi si zoseweretsa. Munthu wamoyo anali atatsogolera bokosi mtunda wonsewo, mudzi ukumuimbira nyimbo zotsanzika. Akuluakulu anapatukira pambali kukanong'onezana, abusa anapemphera pemphero limene silinali pa dongosolo, ine nditaima pakati pa njira ndikusowa poika manja ndi maso. Ndinayesa kufotokoza za apudeti, za tizithunzi tating'ono, za batire. Mawu ankatuluka, koma ngakhale ine ndinadzimva kuti ndikukankhira mlandu chinthu chimene sichinabwere n'komwe kumaliro. A Yotamu anafika kumanda popanda chithunzi patsogolo.

Pobwerera ndinafuna kuzemba kudzera njira ya kumunda, koma munthu anandipeza n'kundiuza kuti a Nyazimba akundiitana. Ndinakagwada pakhomo. Sanandikalipire, ndipo zimenezo ndi zimene zinandipweteka kwambiri. Anangokweza chitenje pang'ono.

"Nanga wanga, aticha, alimo?"

Ndinati alimo, amama. Koma pamene ndinkayankha choncho sindinkadziwa.

Dzuwa litawala batire n'kudzuka, ndinapita molunjika pa kafayilo ka mtambo kaja, kumanzere kwa a Binwell. Kanazungulira, kanazungulira, n'kulemba kuti chinthuchi chili pa intaneti, ndilumikize kuti ndichione. Ndi pamene ndinamvetsa chimene ndinavomera ndi inde, inde, inde wanga uja. Makina anali atayamba kutumiza zithunzi kumalo awo otetezekawo n'kumachotsa zenizenizo mkati. Pamene ndinkatseka laputopu kuthamangira galimoto, zina zinali zitapita, zina zisanapite. A Yotamu anali m'gulu lopita. Ananditetezera chithunzi pochiika kumene munthu wa ku Chikwa sangachifikire.

Mvula inagwa, mitsinje inadzaza, msewu unaduka. Netiweki yathu ya kuno imakwanitsa kunyamula "muli bwanji", koma chithunzi ayi. Ndinayesa paphiri, ndinayesa pafupi ndi chipatala, laputopu ndili nayo m'manja ngati ndikupempha mvula kuti ileke, osatheka. Dzinja lonse ndinkakumana ndi a Nyazimba kutchalitchi, iwo osafunsa, ine osadzutsa mutu. Ndinkaopa kuti mwina kumalo otetezekako kulibe kanthu, ndipo mayi amene madzi anamulanda chithunzi choyamba ndamutayitsa chachiwiri ndi pakamwa panga. Ndi nthawi imeneyo pamene a Binwell anayamba moni wawo uja. Felemu yanga sanabweze. Ndinamva kuti chithunzi anachipachika m'nyumba mwawo, ati tsiku lawo likadzafika asadzavutitse aticha.

Msewu utauma ndinapita kuboma. Laputopu inafuna mawu achinsinsi aja ndinalemba hutala ikulira. Ndinayesa dzina la mkazi wanga, la mwana wathu woyamba, la mudzi wathu ku Katete. Inakana zonse, n'kundiuza kuti ndiyambe ndapuma chifukwa ndayesa kambiri, ngati ndine wakuba pa katundu wanga yemwe. Ndinakhala pabenchi mpaka a muofesi anapita kukadya n'kubwerako. Pomaliza ndinatseka maso, ndinakumbukira tsiku lija ndi zimene zinali m'mutu mwanga, n'kulemba mawu amene ndinkamunenera dalaivala uja mumtima, amene sindingawabwereze pano pokhala mphunzitsi. Inatseguka.

Chithunzi chinabwera pang'onopang'ono kuyambira kumwamba: windo, imvi, mphumi, makutu, kenaka pakamwa potseka ndithu, milomo itapanikizana. Ndinakachisindikiza pa shopu ina pamsika, ndipo ndinachiyang'ana pakamwa kangapo ndisanachiike mu envulopu. Wapashopu anandifunsa ngati ndine dokotala wa mano.

A Nyazimba ndinawapeza akupuntha mpunga pabwalo. Anapukuta manja pachitenje, analandira ndi manja awiri, n'kukhala pamphasa. Anachiyang'ana nthawi yaitali, chala chikuyenda pa kolala ya jekete yanga. Anandiuza kuti tsiku lojambulitsa lija amuna awo anayeserera kutseka pakamwa njira yonse kuchokera kunyumba, kuopa kuchititsa manyazi khadi la kopaletivu. Anaseka pang'ono, misozi ikutsika. Kenaka anachikulunga m'pepala la pulasitiki n'kuchilowetsa pachifuwa.

"Yewo, aticha," anathokoza m'Chisenga. "Manje m'makina mwanu muja muwafafanize. Ndisunga ndekha."

Ndinawomba m'manja n'kutenga njinga yanga.

Mwina mukuganiza kuti manje mafayilo ndimawalemba maina. Ndinayamba, ndinalemba angapo, ndinatopa. Ndawayalanso monga midzi, a kutsidya kumanzere, a kumsewu kumanja, wamkulu pamwamba. Ulendo watha kuboma kabokosi ka apudeti kanabweranso kudzandiuza kuti pali zatsopano zondipeputsira ntchito. Ndinadina "nthawi ina", ngakhale ndikudziwa kuti tsiku lina sikadzafunsa. Chimene ndinasiya ndi kubwereketsa jekete basi, aliyense ajambulitse ndi malaya ake ngakhale ong'ambika. A Yotamu ndinawafafaniza monga anandiuzira mayi aja, koma malo awo sindinaikepo wina. Ndikatsegula kompyuta m'mawa pamakhala mpata pamenepo, ndipo pansi pake pali a Binwell okha, mano ali mbee.

Dzulo ndinakumana nawo pamjigo. Anaimitsa njinga, anakweza dzanja.

"Ndikalipo, aticha."

Ndinati ndikudziwa, adada, ndimakuonani tsiku lililonse.